Zaka Zisanu Zomwe Tinawerengera pa Ngolo

Machinjiri,
Blantyre.
20 Julaye, 2025

Okondedwa achimwene a Bonifasi,

Landirani moni wa mng'ono wanu. Mwadzuka bwanji kumeneko ndi chisanu cha mwezi uno? Ndikudziwa mmene mphepo imatsikira m'mapiri athu a ku Dowa nyengo ino, yolowa mpaka m'mafupa. Amayi mwendo uja uli bwanji, akutha kupondako pang'ono kapena akupemphererabe pakhonde Lamulungu? Nanga alamu a Felista ndi ana?

Ife kuno tilipo. Mlamu wanu Roza ali bwino. Tiyamike wakwanitsa zaka zisanu ndipo pakamwa sipatsekeka, amafunsa chilichonse. Mphatso wamera mano awiri, sabata yatha anatsegulako m'mimba koma pano akuyamwa bwino. Ntchito ikuyenda, kungoti dizilo akuvuta. Ulendo wa ku Beira womwe tinkapita ndi kubwerera masiku asanu, pano ukumatenga asanu ndi atatu, pomwe ndalama ya m'njira sanawonjezere.

Mudabwa kuti ndalemba kalata foni ilipo. Foni yanu ija imalankhula mudzi wonse, ndikaimba amayi amayankhira ali kuseri kwa nyumba. Nkhani iyi ndikufuna muiwerenge nokha mutakhala pansi, chifukwa ili ndi manambala, ndipo manambalawo ndi a ife awiri. Ndapatsira Hashim, dalaivala mnzanga uja kwawo kuli ku boma, akaisiya pa golosale ya amalume ake. Zolemba zanga mukuzidziwa, za munthu wa Sitandade 6, muziwerenga moleza.

Kumbukirani tsiku lija zaka zitatu zapitazo, nditabwera ndi mapepala a ku banki. Kuntchito anali atagwirizana ndi banki kuti antchito azitenga ngongole ya nyumba, azidula kumalipiro. Nyumba ino ankaigulitsa K15 miliyoni. Banki inati ipereka K12 miliyoni, zitatu zotsalazo ndipeze ndekha. Ine ndinali ndi imodzi yokha. Ziwiri zinazo munazipeza ndinu, pogulitsa ng'ombe zanu, Sajeni ndi Kaphulusa, pamodzi ndi ngolo ndi goli lomwe.

Musanagulitse tinakhala pa ngolo pomwepo, kuwerengera ndi khala pa thabwa lakumbuyo. Pepala linati chiwongoladzanja ndi 24 pa 100. Tinachita monga ankachitira malemu abambo ndi ngongole ya feteleza ya ku kalabu: watenga zakuti, uikepo chiwongoladzanja kamodzi, fodya akagulidwa ubweze, nkhani yatha. Ndiye pa K12 miliyoni tinaikapo K2,880,000, zonse pamodzi K14,880,000. Titagawa ndi K247,000 yomwe azidula mwezi ndi mwezi, inatuluka miyezi 60. Zaka zisanu.

Inu munaloza pomwe panalembedwa zaka 15, mukufunsa kuti nanga izi. Ndine ndinakuyankhani kuti amenewo ndi malire a anthu ochedwa kubweza, monga kalabu inkadikira alimi ena mpaka Seputembala. Munaseka, munati ana a bambo athu sanachedwepo ndi ngongole, a banki adzadabwa nafe. Mawu amenewo ndikuwamvabe. Ndinakulonjezani kuti zaka zisanu zikatha, ndalama yomwe ankadula ija izipita kwa inu mpaka ng'ombe ziwiri ndi ngolo zitabwerera. Podikira, ndinati ndizitumiza K50,000 mwezi uliwonse yolipirira ngolo za eni ndi mankhwala a amayi. Imeneyo sindinadumphepo, inunso ndinu mboni.

Tsiku lonyamuka ndinatapa chimanga m'nkhokwe ya amayi, ndinawerenga njere 60 ndi kuziika m'botolo, monga abambo ankawerengera mabelo a fodya opita ku okushoni. Botololo lakhala pawindo kuno zaka zonsezi. Malipiro akatuluka, Tiyamike amachotsamo njere imodzi ndi kukaponyera nkhuku. Ndi ntchito yake imeneyo, wina akaigwira amalira. Kutha kwa mwezi wathawu munatsala njere 24.

Mutandiuza pa foni kuti kutsidya kuli munthu akugulitsa ng'ombe ziwiri zongoyamba kumene kuphunzira goli, mtima unandithamanga. Ndinaganiza zokafunsa ku banki kuti kwatsala zingati kwenikweni, mwina angandibwereke kena pamwamba poti ndadutsa kale theka. Ndinawerengera ndekha papepala. Miyezi 36 ndapereka K8,892,000. Ndiye mwa kuwerengera kwathu kuja, zotsala zinali pafupifupi K6 miliyoni. Lachinayi ndinavala malaya atchalitchi ndi kupita, pepala langa lili m'thumba.

Anandilandira mayi wina wa pa desiki, dzina lake Debora, linali pakabaji ka pachifuwa. Anandisindikizira pepala. Pansi pake panalembedwa K11,636,000. Ndinamuuza mwaulemu kuti wandipatsa pepala la munthu wina. Anafunsa dzina langa, nambala ya chitupa, dzina la kampani, zonse zinagwirizana. Ndinatulutsa pepala langa ndi kumuonetsa mmene tinawerengera. Analiyang'ana nthawi yaitali. Kenako anafunsa kuti wandiphunzitsa kuwerengera kotero ndani. Ndinati bambo anga, ndipo sanalakwitsepo belo ngakhale limodzi. Sanaseke, achimwene. Anadzuka kukanditungira madzi akumwa, nditangoona zimenezo ndinadziwa kuti nkhani si yabwino.

Ndikuuzani mmene anandifotokozera, mwina inu mumva msanga kuposa ine, chifukwa ine anabwereza katatu. Anati 24 pa 100 ija si ya ngongole yonse kamodzi ayi, ndi ya chaka chilichonse. Amaigawa pa miyezi, ndiye mwezi uliwonse ngongole yomwe yatsala imabereka 2 pa 100. Ndalama yanga ikafika, amayamba achotsa chiwongoladzanja cha mweziwo, chotsalacho ndiye chimakhudza ngongole yeniyeni. Mwezi woyamba, pa K247,000 yomwe anadula, K240,000 inali chiwongoladzanja. Ngongole inatsika ndi K7,000 yokha. Ngakhale pano, pakutha zaka zitatu, yomwe ikukhudza ngongole siikwana K15,000 pa mwezi. Ndiye pa K8,892,000 yonse yomwe ndapereka, ngongole yatsika ndi K364,000 basi. Masiku ano imeneyo simungagulire ngakhale mwana wa ng'ombe.

Ndinafunsa za zaka 15 zija. Anati si malire a ochedwa, ndiyo nthawi yake yeniyeni. Miyezi 180, osati 60. Anachulukitsa pa makina ake ndi kunditembenuzira kuti ndione ndekha: K44,460,000. Mukaphatikiza K3 miliyoni yathu ija, ndi mtengo wa nyumba zitatu zonga ino. Imodzi ndikugonamo, ziwirizo sindidzaziona.

Ndinakwiya, kunena zoona. Ndinamufunsa chifukwa chomwe sanatiuzire. Anatsegula faelo yanga, tsamba lachinayi. Zonse zinalipo, mizere yaing'onoing'ono yachizungu, mwezi ndi mwezi mpaka 180, pansi pake dzina langa lolemba ndekha. Ndinakumbuka tsiku lomwe bambo wa ku banki anabwera kuntchito. Anatiwerengera mapepalawo m'chipinda chodyera, mwaliwiro, kenako anafunsa ngati alipo ali ndi funso. Tinalipo madalaivala khumi ndi mmodzi, aliyense kuyang'ana mnzake, palibe ankafuna kuoneka kuti sukulu inamuperewera. Ine ndinafunsa chimodzi chokha, kuti azidula zingati pa mwezi. Nditamva kuti ndikwanitsa, ndinasaina. Palibe anandinamiza, achimwene. Ndinafunsa funso laling'ono, anandiyankha laling'ono lomwelo.

Mayiyo anati ndisadzione wopusa, pa mpando womwewo pamakhala aphunzitsi ndi anthu ovala matayi, nawonso amatuluka atagwira m'mutu. Sizinanditonthoze. Iwowo sanagulitsitse ng'ombe za mkulu wawo.

Nditatuluka ndinakwera minibasi yolakwika. Ndinazindikira tili ku Chirimba, ine amene misewu ya mzinda uno ndimaidziwa ngati m'thumba mwanga. Kondakitala anandifunsa ngati ndamwa m'mawa womwe uno. Ndinangomulipira ndi kutsika.

Roza sanakalipe. Bola akanakalipa. Anali akuchapa matewera, anamvetsera mpaka ndamaliza, manja ali m'beseni. Kenako anafunsa kuti Tiyamike adzakhala ndi zaka zingati ngongoleyi ikadzatha. Ndinati 17. Anati ndiye kuti fizi ya kusekondale ndi banki zidzadyera mbale imodzi, ndipo anapitiriza kuchapa. Madzulo ake ndinamuona ataima pa kamtengo ka mapeyala komwe anabzala chaka chomwe tinalowa muno. Ankakonda kunena kuti kadzayamba kubereka nyumba ili yathu. Tsopano sakuthirira ndi mtima womwe uja, ndikuona.

Kuntchito ndinauza Hashim yekha. Mukudziwa kuti iye anakana ngongoleyi tsiku lomwe lija, ati chipembedzo chawo sichilola chiwongoladzanja. Tinkamuseka. Akumanga yekha ku Chileka, akapeza thumba la simenti amanga, akasowa aleka. Nyumba yake tinkaitcha khola la nkhunda, zipinda ziwiri zopanda pulasitala, mawindo otseka ndi makatoni. Ine ndinali patsogolo pa kusekako. Nditamuuza, anati ndiye kuti lendi sindinasiye, ndangosintha mwininyumba, uyu wa tsopano amavala tayi ndipo sabwera kudzagogoda. Anaseka pang'ono, ataona kuti ine sindikuseka analeka. Ananditenga kukandigulira chipisi, ndipo anati khola lake la nkhunda lili ndi chipinda chimodzi chopanda munthu zinthu zikadzafika poipa. Ndinachita manyazi kwambiri.

Chiyambire tsiku limenelo mutu sukupuma. Ndikamayendetsa ndimangowerengera. Sabata yatha pa Mwanza ndinaponda chitumbira cha pamsewu ndi liwiro, katundu anagwedezeka yense, chinthu chomwe sindinachitepo chiyambire ntchito. Pepala lomwe ndinasaina lija likuti ndikalephera kulipira miyezi itatu yotsatana angathe kugulitsa nyumba. Likutinso chiwongoladzanja chingakwere zinthu zikasintha m'dziko. Ntchito yathuyi mukuidziwa, lero ulipo, mawa kampani yataya kontirakiti, kapena maso ayamba kuchita chifunga. Zaka zina khumi ndi ziwiri pamsewu wa Beira ndi zambiri. Ndikayang'ana Mphatso akugona pamphasa masana, ndimaganiza kuti denga lili pamwamba pakeli ndabwereka.

Ndaganizaponso zogulitsa. Wina wondithandiza kufufuza akuti ikhoza kupita pa K20 miliyoni, poti zinthu zakwera. Ndikabweza banki ndi kulipira wopeza wogula, zotsala zingakwane ng'ombe ziwiri ndi ngolo pa mitengo ya lero, mwina ndi kandalama kotsala pang'ono. Mukanalandira zanu chaka chino chomwe. Koma ife tibwerera ku lendi ndi ana awiri, zaka zitatu zonsezi zitapita m'madzi. Mukukumbuka ku Ndirande kuja, mwininyumba atazula chitseko chifukwa ndinachedwa masiku khumi ndili ku Beira, Roza kutchinga pakhomo ndi chitenje, Tiyamike ali wakhanda akutsokomola. Ndi chitseko chimenecho chinandithamangitsira ku banki. Sindikufuna ana anga adzachionenso. Komabe ng'ombe zinali zanu. Mukanena kuti gulitsa, ndigulitsa, sindidzakusungirani kanthu kumtima.

Pali njira ina yomwe mayi Debora anandionetsa ndisanatuluke, ndipo pempho langa lili pamenepa. Anati ndalama iliyonse yomwe ndingaonjezere pamwamba pa K247,000 siidyedwa ndi chiwongoladzanja, imapita yonse kukatsitsa ngongole yeniyeni. Ngongole ikatsika, chomwe imabereka mwezi wotsatira chimachepanso. Anandifunsa kuti ndingakwanitse kuonjezera zingati. Pakamwa panga panangotuluka K50,000, chifukwa ndi ndalama yokhayo yomwe ndimaidziwa kuti imatuluka m'nyumba muno mwezi uliwonse osalephera. Anawerengera. Anati ndikamatero osadumpha, ndipo chiwongoladzanja chikapanda kukwera, ngongole idzatha pa miyezi 78 m'malo mwa 144 yomwe yatsala. Zaka zisanu ndi chimodzi ndi theka. Ndalama yomwe ndingapulumutse ndi yoposa K12 miliyoni. Sindinakhulupirire, ndinamupempha abwereze, ndipo anandilembera papepala lomwe ndaika m'kalata muno. Mukalionetse aphunzitsi a kusukulu kwathuko alione bwino. Ulendo uno tisawerengere awiri tokha.

Ndiye pempho langa ndi ili, achimwene. Ndiloleni K50,000 yomwe ndimakutumizirani ija ndizikaipereka ku banki. Ndikudziwa chomwe ndikupempha. Ndalama imeneyo ndi imene imakweza tomato wanu pa ngolo za eni kupita ku msika wa Lachiwiri ku Dzaleka. Ikasiya kubwera, ndiye kuti madengu abwerera pa njinga, ndipo chitunda chija muzikankha ndi msana womwe mumadandaula kale. Manyowa opita kudimba, alamu a Felista azisenza pamutu. Ndinakulandani ng'ombe, tsopano ndikukulandani ndi chomwe ndinaika m'malo mwa ng'ombezo. Ndalemba chiganizo chimenechi kawiri ndi kufufuta, koma ndi mmene zilili.

Mankhwala a amayi okha sadzadukiza. Amenewo ndizichotsa pa ndalama yanga ya m'njira, ndizinyamula ufa ndi usipa kuphika ndekha pa malire m'malo mogula. Roza wati ayamba kukazinga mandasi pakhomo pano, njira ya ana asukulu imadutsa pafupi. Feteleza wa chaka chino ndiyesetsa thumba limodzi, koma sindilonjeza, ndaphunzira kuopa kulonjeza.

Mukavomera, ngongole idzatha Tiyamike ali ndi zaka khumi ndi chimodzi ndi theka, asanafike ku sekondale. Ng'ombe zanu zidzabwera chaka chotsatiracho. Kunena mosabisa, ndi zaka zisanu ndi ziwiri kapena kuposerapo kuchokera lero, osati ziwiri zomwe mwakhala mukuwerengera. Inu mudzakhala ndi zaka 53. Za amayi ndikuopa kuwerengera. Pa Pasaka paja anandigwira dzanja, anati akudikira ngolo ibwerere kuti adzakwere kupita ku Misa monga kale, atakhala pa mpando wawo uja inu mukuyendetsa pang'onopang'ono pa miyala. Ndinawauza kuti kwatsala pang'ono. Sindinadziwe kuti ndikunama, koma bodza ndi bodza basi.

Mukakana, ndipitiriza kutumiza monga kale, ndipo ndizilipira banki zaka khumi ndi ziwiri zotsalazo mmene Mulungu angandisungire pamsewu. Musandiyankhe mondimvera chisoni. Mufunsenso alamu, chifukwa mutu wosenzawo ndi wawo.

Ndikudziwa kuti mwezi wa mawa ndi umene mumakonza khola. Chaka chilichonse mumadula mitengo yatsopano kusintha yomwe chiswe chadya, kumanganso ndi luzi, khola lopanda ng'ombe, kuti zikadzabwera zidzapeze pogona. Amayi nawo amaponyamo makoko a chimanga ngati muli chodya. Chaka chino musavutike. Mitengo yomwe ili yolimba muzule mukachirikizire chigafa. Nthaka ya mmenemo ndi yonona, ndowe za zaka zambiri zili momwemo, isangokhala. Musiye nsanamira ziwiri za pachipata zokha, kuti tsiku lomwe ndidzabwere nazo tidzadziwe polowetsera. Amayi akafunsa, muwauze kuti Andireya ndiye wanena, ndipo adzafotokoza yekha pa Khirisimasi. Musandinyamulire mlandu umenewu, ndi wanga.

M'kapepala komata kali m'envelopumu mupeza njere 24. Ndi zomwe zinatsala m'botolo, za m'nkhokwe ya amayi zija. Mvula ikagwa muzibzale m'kholamo. Zakhalitsa, sindikudziwa ngati zimera zonse, koma kuno zilibenso chowerengera.

Mundiperekere moni kwa amayi, muwauze kuti adzukulu awo akukula ndipo Mphatso watenga mphumi yawo. Moni kwa alamu a Felista, ndi kupepesa kwanga mukawawerengera kalatayi. Moni kwa atsibweni, kwa azakhali a Margareta, kwa ana onse ndi a mu Limana lathu la kutchalitchi. Roza akupereka moni, Tiyamike akuti mumusungire nzimbe.

Malipiro atuluka pa 28. Tiyamike wayamba kale kufunsa kuti njere zake zapita kuti, nkhuku idya chiyani. Ndamuuza kuti tikudikira abambo aakulu anene. Botolo lili pawindo lopanda kanthu. Hashim abwerera Lachisanu, adzadutsa pa golosale paja. Mungolemba nambala papepala, 144 kapena 78, kapena mawu oti gulitsa, mukalisiye pomwepo. Zomwe mulembezo ndi zomwe ndichite.

Ndine mng'ono wanu wokulakwirani,
Andireya